Za Liu Lakuti Kutaipa

M'nyumba ina ya ku Kabwata, pamwamba pa kabati, pakhala makina akuda ophimbidwa ndi nsalu. Mwini wace ndi nkhalamba imene inagwira nchito ya ukalaliki m'maofesi a Boma zaka zambiri isanapume. Tsiku lina mdzukulu wace wamkazi, wa m'Giredi 6, anakwera pampando, navundukula nsaluyo, nafunsa kuti, "Agogo, kodi cinthu ici n'ca nchito yanji?"

"Ndi makina otaipira, mdzukulu wanga."

Mtsikanayo anasuzumira kutsogolo ndi kumbuyo kwa makinawo, kufunafuna galasi loonerapo mau ndi cingwe ca magetsi, koma sanapeze kanthu. "Nanga mutaipa bwanji popanda galasi, agogo? Ine ndimataipa pa foni ya amai masiku onse."

Nkhalambayo inaseka. Komatu m'funso la mwanayo muli kanthu koyenera kukaganizira. Iye sanaonepo makina otere cibadwire, koma liu lakuti kutaipa analidziwa bwino, ndipo analichula mosadodoma, monga achulira kusinja kapena kutunga. Makina anakalamba nakwera pakabati, koma liu lace likali kuyenda m'miseu ya Lusaka. Limveka m'timasitolo ta ku Cairo Road ndi ta pafupi ndi msika wa ku Chelstone, kumene anthu alipira ndalama kuti awataipire makalata ofunsira nchito.

Pa liu limeneli anthu sagwirizana. Alipo akulu ena, ndi aphunzitsi omwe, amene akalipeza m'cimangirizo ca mwana alidula ndi inki yofiira, nati, "Ici si Cinyanja, unene kuti kulemba ndi makina." Alipo enanso, makamaka anyamata ndi atsikana a m'tauni, amene ayamba kuiwala liu lakuti kulemba, ndipo kwa iwo ciri conse ndi kutaipa. Onsewa alakwa. Kutaipa ndi liu la Cinyanja tsopano, ndipo liyenera kulandiridwa. Koma liri ndi munda wace, ndipo siliyenera kulumpha malire ndi kukalima m'munda wa kulemba. Kuti mlandu uwu uweruzidwe bwino, ayambe adziwika makolo a liulo, pakuti mlendo sapatsidwa malo pamudzi asananene kumene acokera.

Kutaipa kunabadwa ku liu la Cingerezi lakuti type. Angerezi omwe si eni ace. Analitenga ku Cilatini, ndipo Cilatini cinalitenga kwa Agriki akale, amene anali ndi liu lakuti typos. Kwa iwo typos kunali kumenya, ndiponso cizindikiro cimene citsala pamene cinthu camenya cinzace. Wosula akamenya citsulo cofiira ndi nyundo, kadzenje kotsala pacitsulopo ndiko typos. Mwana akaponda m'matope, phazi lotsala pamenepo ndilo typos. Tanthauzo loyamba ili ndilo tsinde, ndipo matanthauzo ena onse ndi nthambi zace.

Nthambi yoyamba inaphuka m'nyumba zosindikizira mabuku. Ca m'ma 1450, ku mzinda wa Mainz m'dziko la Germany, Johannes Gutenberg anapeza njira youmba zilembo ndi mtovu wosanganiza ndi zitsulo zina, cilembo ciri conse pa kacitsulo kacekace. Wosindikiza anali kutola tizitsulo timeneti kamodzikamodzi, kutindandalika kuti tipange mau, kutipaka inki, ndi kutikanikiza papepala. Atatha tsamba limodzi anali kutimwaza ndi kupanga nato mau ena. Patapita zaka zambiri Angerezi anayamba kuchula tizitsulo timeneti type, popeza nchito yace ndiyo kusiya cizindikiro papepala. Nyuzipepala ya Mutende, imene Boma la Northern Rhodesia linali kutulutsa kuyambira 1936 kufikira 1952 m'Cingerezi, Cinyanja, Cibemba, Citonga ndi Cilozi, inasindikizidwa ndi zilembo zacitsulo, ndipo mabuku amene agogo a ana a lero anaphunziramo kuwerenga anapangidwa momwemo.

Nthambi yaciwiri aimvetsa msanga iye amene anaonapo anthu akuumba njerwa kapena mabuloko a simenti. Cikombole cimodzi citulutsa njerwa zikwizikwi, zonse zolingana msinkhu ndi maonekedwe. Njerwa za cikombole cimodzi ziri za mtundu umodzi. Motero liu limene poyamba linanena za cizindikiro linafika ponena za citsanzo, ndipo potsiriza linayamba kutanthauza mtundu wa cinthu. Tanthauzo ili ndilo lipezeka kawirikawiri m'mabuku asukulu, pamene anena za mitundu ya dothi, mitundu ya mitambo, kapena mitundu ya mwazi wa munthu.

Nthambi yacitatu ndiyo inabala makina a pakabati aja. Ku mzinda wa Milwaukee, m'dziko la America, kunali munthu wodziwa nchito yosindikiza ndi ya nyuzipepala, dzina lace Christopher Latham Sholes. Iye ndi anzace awiri, Carlos Glidden ndi Samuel Soule, anapanga makina olemba zilembo zonga za m'buku, ndipo Boma la kwao linawapatsa kalata ya umwini wa luso limeneli m'caka ca 1868. Kampani ya Remington, imene inali kupanga mfuti ndi makina osokera, inatenga nchito yowapanga, niyamba kuwagulitsa mu 1874. Makina oyambawo anafanana ndithu ndi osokera: anali ndi maluwa ojambulidwa m'mbali, ndiponso copondera ndi phazi cobwezera pepala poyambira mzera. Anali kulemba zilembo zazikulu zokhazokha, kufikira mu 1878 pamene anatuluka ena okhala ndi batani lakuti shift, ndiko kunena kusuntha, limene linali kusunthadi citsulo m'kati mwa makina kuti cilembo cacikulu cimenye m'malo mwa cacing'ono. Batani limeneli lilipobe pa kompyuta iri yonse, ngakhale kuti m'katimo mulibe cosuntha.

Cinthu catsopano cifuna dzina. Angerezi a ku America analumikiza mau awiri, type ndi writer, napanga typewriter, kutanthauza colemba ndi zilembo zosindikizira. Nchito yogwira ndi makinawo anayamba aichula typewrite. Koma lilime la munthu likonda njira yacidule, ndipo m'zaka za m'ma 1880 anthu anadula liulo, natsala ndi type yekha. Panalinso cisokonezo cina coseketsa. Poyamba munthu wogwira nchito pamakinawo nayenso anali kuchedwa typewriter, dzina limodzi ndi makina ace. Mwini sitolo akati typewriter wace sali bwino lero, womva sanadziwe ngati aitane sing'anga kapena wokonza makina. Cifukwa cace munthuyo anampatsa dzina lina, ndilo typist, limene kale linali la wondandalika zilembo m'nyumba yosindikizira.

Cokondweretsa n'cakuti m'makina amenewa liu lija linabwerera kwao. Munthu akadina batani, kamkono kacitsulo kanyamuka, nikamenya riboni ya inki, nikasiya cilembo papepala. Ndiko kumenya kuja, ndi cizindikiro cija, zimene Agriki anachula typos zaka zoposa 2,000 zapitazo.

Ku Lusaka liuli linafika pamodzi ndi maofesi. Mu 1935 likulu la Northern Rhodesia linasamuka ku Livingstone kudza ku Lusaka, ndipo nyumba zazikulu za Boma zinamangidwa pacitunda ca Ridgeway. Boma liyenda ndi makalata, ndipo makalata afuna owataipa. Akalaliki ambiri a masiku amenewo anali amuna ophunzira kumishoni, ena a iwo ocokera ku Nyasaland, kumene sukulu za Livingstonia ndi Blantyre zinayamba kale. Anchito akuda anapatsidwa malo monga Kabwata, kumene kunali tinyumba tozungulira tofolera ndi udzu. Tina ta ito tikalipo ku Kabwata Cultural Village, pa Burma Road. Azungu anakhala ku Ridgeway, ndipo pambuyo pace ku Woodlands ndi ku Kabulonga. Kalaliki anali kucoka ku Kabwata m'mamawa pa njinga kapena pansi, kukamva liu lakuti type m'kamwa mwa Mzungu tsiku lonse, ndi kubwerera nalo kunyumba madzulo. Pofika pakhomo, mkazi wace akamfunsa cimene camcedwetsa, sanayankhe m'Cingerezi. Anati, "Ndinali kutaipa." Umo ndimo liuli linalowera m'Cinyanja, popanda msonkhano wa akulu wolivomereza.

Dziko litalandira ufulu pa 24 October 1964, panali kusowa kwakukulu kwa anthu ophunzira. Amene anatsiriza maphunziro a yunivesite anali ngati zana limodzi cabe m'dziko lonse. Maofesi anafuna manja ambiri. Sukulu ya Evelyn Hone, imene inatsegulidwa mu 1963 pa Church Road, ndi sukulu zina zotere, zinaphunzitsa atsikana ambiri kutaipa ndi kulemba mwacidule mau a munthu polankhula. Ana ambiri a mu Lusaka analipiriridwa sukulu, nagulidwira nsapato ndi mabuku, ndi ndalama zocokera ku zala za amai ao. Liu limene linadyetsa mabanja cotero silingachedwe mlendo wongopita.

Tsono kwa iwo a inki yofiira mau ndi awa. Ngati liu liri lonse locokera kunja licotsedwa, Cinyanja cidzatsala ndi mabala ambiri. Kalata ndi nsapato zinadza ndi Apwitikizi. Sukulu, buku, tebulo ndi supuni zinadza ndi Angerezi. Palibe mphunzitsi amene adula mau awa, pakuti anakhala nthawi yaitali kotero kuti ulendo wao unaiwalika. Cimene cionetsa kuti liu lakhazikika si kumene linabadwira ai, koma ngati limvera malamulo a pamudzi. Ndipo kutaipa kuwamvera onse. Munthu ataipa kalata. Ataipira mnzace wosadziwa. Akakhala wopanda makina, akataipitsa kutauni. Kalatayo yataipidwa. Woigwira nchitoyo ndi wotaipa, ndipo cipangizo cace ndi cotaipira. Mngerezi sangazindikire liu lace m'kati mwa kutaipitsa kapena sanamtaipire, cifukwa labvala zobvala za kuno kuyambira kumutu kufikira kumapazi.

Nanga mau aja akuti kulemba ndi makina? Ali bwino, ndipo palibe cowaletsa. Koma ndi atatu pamene limodzi likwanira, ndiponso sanena zonse. Makina osindikizira mabuku nawonso alemba. Makina a m'sitolo otulutsa kapepala ka mtengo wa katundu nawonso alemba. Kutaipa kunena cinthu cimodzi cokha: kupanga mau mwa kudina mabatani a zilembo ndi zala, cimodzi pambuyo pa cinzace. Cinyanja cinalibe liu la nchito imeneyi cifukwa nchitoyo kunalibe. Akale anati mlendo ndiye adza ndi kalumo kakuthwa.

Umboni wina wakuti liuli lifunika ndi uwu, kuti lapirira imfa ya makina ace. Mu 1961 kampani ya IBM inatulutsa makina amagetsi okhala ndi kampira ka zilembo m'malo mwa timikono. Pambuyo pace kompyuta inalowa m'maofesi, ndipo makina akale anayamba kukankhidwira kungodya. Mu 1994 intaneti inafika m'Zambia kudzera pa yunivesite ya ku Lusaka. Mu 2012 kampani ya Brother inapanga makina otaipira otsiriza a ku Britain, niwapereka ku nyumba yosungira zakale ku London. Koma nchito ya zala inatsala, ndipo liu linatsala nayo. Lero munthu akatumiza uthenga pa WhatsApp, naona palembedwa typing, adziwa kuti mnzace ali kudina zilembo kumene aliko, ngakhale palibe riboni, palibe belu, palibe comenya cinzace.

Koma anyamata ndi atsikana aja asafulumire kuomba m'manja, pakuti mbali yaciwiri ya mlandu iri pa iwo.

Kulemba ndi liu lalikulu, la nthambi zambiri zimene kutaipa sikungafikeko. Mwana alemba mayeso. Kampani ilemba anthu nchito. Kholo lilembetsa mwana kusukulu. Koposa zonsezi, kulemba ndiko kutulutsa maganizo a mumtima ndi kuwaika m'mau oyenera, motsatana bwino, kuti wina amve. Kutaipa ndi nchito ya zala. Kulemba ndi nchito ya mutu. Akalaliki akale anadziwa bwino kusiyana kumeneku. Pa makalata ambiri a m'maofesi panali kuikidwa zilembo zoyamba za maina a anthu awiri, ndi kamzera pakati pao: coyamba za mwini mau, kenaka za wotaipa. Mau akakhala opusa, mlandu unali wa woyambayo. Cilembo cikasoweka, mlandu unali wa waciwiriyo. Ndipo wotaipa wanzeru sananene konse kuti, "Ndalemba kalata kwa Nduna," pamene anangotaipa mau a mkulu wa ofesi.

Lero nchito ziwirizi zagwera munthu mmodzi, ndipo ndipo pabisala msampha. Mwana wa ku Woodlands kapena ku Kabulonga, amene kwao kuli kompyuta, apatsidwa nchito ya kunyumba yofotokoza za mtsinje wa Kafue. Atsegula intaneti, apeza mau a munthu wina, awataipa bwinobwino, napita nalo pepala loyera kwa mphunzitsi, nati, "Aphunzitsi, ndalemba." Sanalembe ai. Anataipa. Akadakhala nao mau onse awiri m'kamwa mwace, aliwonse pamalo pace, akadacita manyazi kunena bodza lotere. Koma popeza kwa iye mau awiriwa asanduka amodzi, adzinyenga yekha asananyenge mphunzitsi. Mnzace wa ku Kabwata, amene analemba mizera khumi ndi pensulo yaifupi, mau ace a iye mwini, wagwira nchito yoposa, ngakhale pepala lace liri ndi zofufuta.

Zomwezo zicitika kwa akulu. Mnyamata wofuna nchito alowa m'kasitolo kotaipira wopanda pepala m'manja, nati, "Nditaipireni kalata yofunsira nchito." Wotaipayo ali nayo kale kalata imodzi m'kompyuta, imene anataipira anthu ambiri, angosintha dzina ndi tsiku. Mkulu wolemba anthu nchito akatsegula maenvulopu, apeza makalata makumi awiri olingana mau onse, monga njerwa za cikombole cimodzi. Pamenepo matanthauzo awiri a liu la Cingerezi lija akomana momvetsa cisoni: makalata otaipidwa, onse a type imodzi. Mnyamata uja akadayamba wakhala pansi kunyumba ndi kulemba yekha cimene adziwa ndi cimene afuna, ndi kupita nazo kukataipitsa pambuyo pace, kalata yace ikadakhala ndi nkhope.

M'Cingerezi mwenimwenimo liuli liri ndi mbuna zace, ndipo mwana wokonzekera mayeso acita bwino kuzidziwa. Akaona type ndipo patsogolo pace pali of, adziwe kuti afunsidwa za mtundu. Funso lakuti What type of soil is this? silifuna makina kapena foni; lifuna kuti anene ngati dothilo ndi mcenga, katondo kapena makande. Koma liuli likatsatana ndi cinthu ca mau, monga kalata kapena dzina, ndiye kuti linena za nchito ya zala. Timau tating'ono totsatira pambuyo tisinthanso tanthauzo pang'ono. Type in ndiko kulowetsa mau kapena manambala m'makina, monga acita munthu ndi nambala yace yacinsinsi potapa ndalama. Type up ndiko kutenga zolemba pamanja ndi kuzitaipa mwaudongo, monga acita mlembi wa msonkhano. Polemba, ana ambiri aphunthwa pa typing, naikamo e pakati; koma e ameneyo agwa pamene ing afika, monga acitira mu writing. Ndipo munthu wa nchitoyi achedwa typist. Liu lakale lija lakuti typewrite silimvekanso m'kamwa mwa anthu, koma mwana wace typewritten akali kupezeka pa zidziwitso zina, pamene afuna pepala lotaipidwa.

Mbuna yakuya koposa iri pa mafomu. Pamwamba pa mafomu ambiri palembedwa kuti type or print. Munthu wodziwa Cingerezi pang'ono aganiza kuti print ndiko kusindikiza ndi makina, motero akwera basi kucokera ku Chelstone, atsika m'tauni, alipira wotaipa, nabwerera madzulo thumba litapepuka. Koma pa fomu print atanthauza kulemba ndi dzanja zilembo zosalumikizana, zooneka bwino monga za m'buku, kawirikawiri zazikulu. Colembera ca inki ndi dzanja losanjenjemera zikadakwanira. Mwana wa m'Giredi 6 wodziwa ici angapulumutse ndalama za ndiwo za masiku awiri pakhomo pao.

Popeza kutaipa kwalandiridwa, kuyeneranso kulemekezedwa monga nchito, ndi kugwiridwa mosamala. Pepala lotaipidwa liri ndi ulemu umene lolemba pamanja liribe, ndipo anthu alikhulupirira msanga. Cifukwa cace colakwa ca wotaipa cipweteka koposa. Angerezi ali nalo liu la colakwa cotere, ndilo typo. M'Cinyanja kanthu kakang'ono kasintha zambiri. Wotaipa akasiya kacizindikiro ka pamwamba m'liu lakuti ng'oma, coimbira ca pagule cisanduka ngoma, nyama ya m'thengo ya nyanga zopotana. Akaiwala h, mwana wochedwa Mabvuto asanduka mwana wocedwa. Anthu a ku Ng'ombe, komboni ya mu Lusaka momwemo, aona dzina la kwao litalembedwa molakwa kawirikawiri. Ndipo kwa zaka zambiri maina a pa citupa ca dziko, cimene munthu atenga akafika zaka 16, anali kutaipidwa ndi makina onga a pakabati aja. Cilembo cimodzi cikalakwika pamenepo, dzina la pacitupa lisiyana ndi la pa setifiketi ya sukulu, ndipo mwini wace adzayenda maulendo ambiri m'maofesi, ndi kulumbira pamaso pa akulu a malamulo, kuti atsimikize kuti anthu awiriwo ndi iye yemwe. Wotaipa wabwino awerenga pepala lace lisanacoke m'manja mwace, ndipo mwini dzina naye awerenge asanacoke pawindo.

Makinawo sanapangidwire Cinyanja, ndipo ici cioneka poyera. Mzera wapamwamba wa zilembo uyamba ndi Q, W, E, R, T, Y, monga anausiyira Sholes ndi a Remington. Ndipo Q woyambayo Cinyanja sicimfuna n'komwe. Koma a, amene abwera m'mau a Cinyanja pafupifupi onse, anaikidwa pansi pa kacala kakang'ono ka dzanja lamanzere, kofooka koposa zala zonse. Cilembo ca w wa kadenga, cimene ena alemba m'dzina la dziko la Malawi, pa makina ambiri panalibe, ndipo wotaipa anali kuonjeza kadengako ndi colembera. Izi ndi zobvuta, koma siziletsa munthu wakhama.

Khama lace ndilo kuphunzitsa zala zonse. Ana ambiri a lero ataipa ndi zala zazikulu ziwiri pa foni, ndipo akafika pa kompyuta asakasaka cilembo ciri conse ndi cala cimodzi, monga nkhuku itola mapira. Cala cimodzi siciswa nsabwe. Mu 1888, ku mzinda wa Cincinnati, Frank McGurrin anapambana mpikisano wa kutaipa osayang'ana pa mabatani, ndipo kuyambira pamenepo njira yace inafala. Zala zinai za kumanzere zikhala pa A, S, D ndi F; zinai za kumanja ziyambira pa J, K ndi L; cala cacikulu cidina batani lalitali lolekanitsa mau. Pa kompyuta zambiri F ndi J ali ndi timizera totukuka, kuti zala zipeze malo ao popanda maso. Poyesa liwiro, zilembo zisanu ziwerengedwa ngati liu limodzi, ndipo colakwa ciri conse cicepetsa malikisi. Liwiro lopanda kulondola ndi kuthamanga ndi mtsuko wobooka.

Pali anyamata ena amene ayesa kuti kutaipa ndi nchito ya atsikana. Maganizo awa ali ndi ciyambi cace: mu 1881 bungwe la YWCA ku New York linayamba kuphunzitsa akazi asanu ndi atatu nchitoyi, ndipo m'zaka zotsatira akazi anadzaza maofesi a maiko ambiri. Koma ku Lusaka otaipa akuda oyamba anali amuna, ndipo masiku ano dokotala, wapolisi, wogulitsa m'sitolo ndi mphunzitsi onse ataipa okha. Mnyamata wonyoza nchitoyi adzakhala akulipira ena kuti amtaipire moyo wace wonse, ndi kuwaululira zinsinsi zace zomwe.

Madzulo a tsiku lija nkhalamba ya ku Kabwata inatsitsa makina ace, niwapukuta fumbi, nilowetsa pepala, nizunguza cogudubuza. Riboni inali itauma, koma inali kuonetsabe zilembo zotuwa. "Bwera, mdzukulu wanga, utaipe dzina lako ndi tsiku la lero."

Mtsikanayo anadina monga adinira pa foni, koma kamkono kanangonyamuka pang'ono ndi kugwa.

"Menya, mwanawe. Awa safuna kusisita."

Anamenya, ndipo cilembo cinaoneka. Anataipa dzina lace, koma pofika pa tsiku anaima. "Agogo, nambala 1 palibe. Yathyoka kodi?"

"Siinathyoke. Makina ambiri akale analibe. Taipa l wamng'ono, ndiye 1 wathu."

Anatero, napitiriza kufikira kabelu kanalira kumapeto kwa mzera, ndipo analumpha ndi mantha. Agogo ace anamsonyeza cogwirira ca kumanzere cobwezera pepala, namuuza kuti ayambe mzera wina.

"Nditaipe ciani tsopano, agogo?"

"Ico makina sadziwa. Tenga pensulo, ukhale apo, uyambe walemba cimene ufuna kuuza azakhali ako a ku Chipata. Ukatha ubwere nalo pepalalo."